Nkhondo ya Mawu ndi Nyanja ya Chilwa: Zimene Tikuphunzira pa Kanema wa "Cold War"

Tikaima m'mphepete mwa nyanja ya Chilwa, m'dera la Mfumu Yaikulu Kuntumanji, ndi kuyang'ana kum'mawa tsiku lopanda mitambo, timaona mapiri a ku Mozambique. Asodzi athu amadziwa bwino kuti tsidya lija kuli anthu olankhula Chinyanja, Chilomwe ndi Chiyao monga ife, ndipo ena mwa iwo ndi abale athu enieni. Akuluakulu amene anali ozindikira kale m'zaka za m'ma 1980 amakumbukiranso kuti tsidya lomwelo kunali nkhondo yoopsa, ndi kuti anthu ambirimbiri anathawira m'dziko muno, mwana kumsana, kamtolo pamutu. Koma tikafunsa achinyamata a lero kuti nkhondo ija inayamba bwanji, mfuti zinkachokera kuti, nanga inatha motani, ndi ochepa amene angayankhe.

Pofuna kuthandiza akhristu m'maparishi ndi m'miphakati, makamaka makatekisti amene amakumana ndi mafunso a achinyamata, taganiza zofotokoza nkhaniyi potsamira pa kanema wina wotchuka wa mbiri ya dziko lapansi, wotchedwa "Cold War". Kanemayu amafotokoza za chidani chimene chinalipo pakati pa maiko awiri amphamvu, America ndi Soviet Union, ndi momwe atsogoleri ndi akazembe awo ankakambirana kuti chidanicho chisafike pa nkhondo yotha mtundu wa anthu. Tikhulupirira kuti munthu akamvetsa nkhani imeneyi, amvetsanso chifukwa chake mpunga wa m'chigwa cha Chilwa, ndende ya Mikuyu, njanji ya ku Nayuchi ndi kalata ya aepiskopi ya 1992 zili m'mbiri imodzi.

Kanemayu ndi wotani?

Kanema wa "Cold War" anayamba kuonetsedwa m'mwezi wa Sepitembala chaka cha 1998 pa wailesi za kanema za CNN ndi BBC. Maganizo oti apangidwe anachokera kwa Ted Turner, amene anayambitsa CNN, ndipo mmodzi mwa amene anatsogolera ntchitoyi anali Jeremy Isaacs wa ku Britain. Amene amamveka akufotokoza nkhani ndi Kenneth Branagh. Kanemayu ali ndi magawo 24, kuyambira pa kusintha kwa boma ku Russia mu 1917 mpaka kutha kwa Soviet Union mu 1991. Mphamvu yake yagona pakuti amene akulankhulamo ndi eni nkhani: atsogoleri monga Mikhail Gorbachev, Fidel Castro ndi Henry Kissinger, komanso asilikali wamba, azondi, amayi ndi anthu othawa kwawo a mbali zonse ziwiri.

Pamene kanemayu ankayamba kuonetsedwa, dziko la Malawi linali lisanakhale ndi wailesi ya kanema yakeyake. M'nthawi yonse ya ulamuliro wa Dr Hastings Kamuzu Banda kunalibe, ndipo Television Malawi inadzatsegulidwa pa 1 Epulo 1999. Motero ambiri a ife nkhani za nthawi imeneyo tinazimva pa wailesi ya MBC mokha, monga momwe boma linkafunira kuti tizimve, kupatula awo amene ankatchera khutu ku wailesi zakunja chamseri.

Si onse anayamikira kanemayu. Akatswiri ena a mbiri ku America anadandaula kuti anaika mbali ziwirizi pa muyeso umodzi, ngati kuti zolakwa zawo zinali zofanana. Ifenso tili ndi dandaulo lathu, lakuti pa magawo 24 aja, gawo limodzi lokha, la nambala 17, ndilo limakhalitsa pa nkhani za Africa, ndipo limatsindika kwambiri za Angola, Ethiopia ndi Somalia. Za m'mbali mwa nyanja ya Chilwa tiyenera kufotokozerana tokha.

Kodi Nkhondo ya Mawu inali chiyani?

Pa Nkhondo Yachiwiri ya Dziko Lonse, America ndi Soviet Union zinali mbali imodzi polimbana ndi Adolf Hitler. Nkhondoyo itatha mu 1945, ubwenzi unathera pomwepo. Maiko a kuzambwe, motsogozedwa ndi America, ankalimbikira zoti pakhale zipani zambiri ndi kuti munthu akhale ndi chuma chakechake. Maiko a kuvuma, motsogozedwa ndi Soviet Union, ankatsata chikomyunizimu, chimene chinkaphunzitsa kuti minda, mafakitale ndi malonda zikhale m'manja mwa boma la chipani chimodzi, ndipo chinkaona chipembedzo ngati chinthu chosokoneza anthu. Mu 1949 maiko a kuzambwe anapanga mgwirizano wa asilikali wa NATO, ndipo mu 1955 a kuvuma anapanga wawo wa Warsaw Pact. Dziko la Germany linagawidwa pawiri, ndipo mu Ogasiti 1961 mpanda wa konkire unayamba kumangidwa pakati pa mzinda wa Berlin, kulekanitsa mabanja.

Chimene chinaletsa maiko awiriwa kumenyana maso ndi maso ndi zida za nyukiliya. America inaponya mabomba otere ku Hiroshima ndi ku Nagasaki mu 1945, ndipo Soviet Union inaphulitsa lake loyamba mu 1949. Kuyambira pamenepo aliyense anadziwa kuti woyamba kuwombera nayenso sadzapulumuka. N'chifukwa chake nthawiyi timaitcha Nkhondo ya Mawu. Komabe dzinali lisatinamize. Makolo athu anati njovu zikamamenyana umavutika ndi udzu. Ku Korea, ku Vietnam, ku Afghanistan, ku Angola ndi ku Mozambique magazi anakhetsedwa ndithu, ndipo ambiri mwa amene anafa anali alimi osauka osadziwa ngakhale kumene kuli Washington kapena Moscow.

Adani akakhala pansi

Gawo la nambala 10 la kanemayu limafotokoza za mwezi wa Okutobala 1962, pamene America inatulukira kuti Soviet Union ikuika mizinga ya nyukiliya pa chilumba cha Cuba. Kwa masiku 13 dziko lonse linali pa chiopsezo. Mtsogoleri wa America, John F. Kennedy, ndi wa Soviet Union, Nikita Khrushchev, analemberana makalata, ndipo nthumwi zawo zinkakumana mwamseri. Mapeto ake Khrushchev anachotsa mizingayo, Kennedy analonjeza kuti sadzathira nkhondo dziko la Cuba, ndipo mwachinsinsi anavomeranso kuchotsa mizinga ya America imene inali ku Turkey. Aliyense anapatsidwa mpata wobwerera m'mbuyo osachita manyazi pamaso pa anthu ake. Chaka chotsatira anakhazikitsa njira yapadera yotumizirana mauthenga mwachangu pakati pa Washington ndi Moscow, ndipo mu Ogasiti 1963 anasainirana pangano loletsa kuyesa mabomba a nyukiliya mumlengalenga ndi m'madzi.

Gawo la nambala 16 limanena za zaka za 1969 mpaka 1975, nthawi imene chidani chinazizirako. Mu Febuluwale 1972 Richard Nixon anapita ku China kukaonana ndi Mao Zedong, ndipo mu Meyi chaka chomwecho anapita ku Moscow kumene iye ndi Leonid Brezhnev anasainira pangano loyamba loika malire pa kuchuluka kwa mizinga. Pa 1 Ogasiti 1975 maiko 35 anasainira pangano la ku Helsinki. Soviet Union inakondwera chifukwa panganolo linalemekeza malire a maiko a ku Ulaya monga analili. Koma m'pangano lomwelo munalinso mawu olemekeza ufulu wachibadwidwe, kuphatikizapo ufulu wa maganizo ndi wa chipembedzo. Ambiri anaona ngati ndi mawu a papepala chabe, koma anthu olimba mtima ku Poland, ku Czechoslovakia ndi ku Moscow komwe anayamba kufunsa maboma awo kuti achite zimene anasainira.

Chidani chinakulanso Soviet Union italowa ndi nkhondo ku Afghanistan mu Disembala 1979. Zinthu zinasintha Gorbachev atatenga utsogoleri mu Malichi 1985. Iye ndi Ronald Reagan anakumana ku Geneva chaka chomwecho, ndiponso ku Reykjavik pa 11 ndi 12 Okutobala 1986. Msonkhano wa ku Reykjavik unatha popanda pangano, ndipo ambiri anati walephera, koma zimene anakambirana kumeneko ndizo zinabala pangano la mu Disembala 1987 lophwanya gulu lonse la mizinga yofika mtunda wapakatikati. Pa 9 Novembala 1989 mpanda wa Berlin unatseguka, ndipo mu Disembala 1991 Soviet Union inatha.

Mbali imene Mpingo unatenga

Mpingo wa Katolika unazunzika kwambiri m'maiko a chikomyunizimu. Aepiskopi ndi ansembe anamangidwa, maseminale ndi sukulu zinatsekedwa. Komabe Apapa anasankha kusatseka khomo la kukambirana. Vuto la Cuba linabuka patangopita masiku ochepa Msonkhano Waukulu wa Vatican Wachiwiri utatsegulidwa pa 11 Okutobala 1962. Pa 25 Okutobala Papa Yohane XXIII analankhula pa wailesi ya Vatican kupempha atsogoleri kuti asaleke kukambirana, ndipo nyuzipepala ya chipani cholamula ku Moscow inasindikiza uthengawo. Kumayambiriro kwa 1963 Soviet Union inamasula Arkiepiskopi Josyf Slipyj wa ku Ukraine, amene anakhala m'ndende ndi m'misasa ya ukaidi zaka 18. Pa 11 Epulo 1963 Papa yemweyo anatulutsa kalata yake ya za mtendere, Pacem in Terris, imene analembera anthu onse a mtima wabwino, osati akatolika okha.

Papa Paulo VI anapitiriza njira imeneyi kudzera mwa kazembe wake Agostino Casaroli, amene anayenda maulendo ambiri ku maiko a kuvuma kukakambirana za kusankhidwa kwa aepiskopi ndi ufulu wopemphera. Anapangana ndi boma la Hungary mu 1964 ndi la Yugoslavia mu 1966, ndipo ndiye anasaina pangano la ku Helsinki m'dzina la Mpando wa Papa. Tinene chilungamo: njira imeneyi inapweteka mitima ya akhristu ena amene anazunzika chifukwa cha chikhulupiriro. Kadinala József Mindszenty wa ku Hungary, amene anabisala m'nyumba ya kazembe wa America ku Budapest kuyambira 1956 mpaka 1971, ankaona kuti Roma akulolera zambiri kwa ozunza. Mpaka lero akatswiri a mbiri ya Mpingo amasiyana maganizo pa nkhaniyi.

Mu Okutobala 1978 Mpingo unasankha Papa wochokera ku dziko la chikomyunizimu, Yohane Paulo II wa ku Poland. Iye anasunga Casaroli, namupatsa udindo wa Mlembi Wamkulu wa Vatican, koma anawonjezera kulankhula poyera za ulemu wa munthu. Ulendo wake wa ku Poland mu Juni 1979 unachotsa mantha m'mitima ya anthu mamiliyoni, ndipo chaka chotsatira linabadwa bungwe la ogwira ntchito la Solidarity. Pa 1 Disembala 1989 Gorbachev anafika ku Vatican kudzaonana ndi Papa, chinthu chimene mtsogoleri wa chipani cha chikomyunizimu cha Soviet Union anali asanachitepo.

Malawi anaima mbali iti?

Dziko lathu litangolandira ufulu pa 6 Julayi 1964, funso la kuvuma ndi kuzambwe linafika ku Zomba, kumene kunali likulu la boma. Mwa zinthu zimene zinagawanitsa Dr Banda ndi nduna zake monga Kanyama Chiume, Henry Chipembere, Orton Chirwa ndi Yatuta Chisiza, panali nkhani ya thandizo la ndalama limene dziko la China ya chikomyunizimu linalonjeza ngati Malawi angavomereze boma lake, komanso ubwenzi wa Dr Banda ndi Apwitikizi amene ankalamulira Mozambique. Nyumba ya Malamulo inakumana ku Zomba mu Sepitembala 1964, ndunazo zinachotsedwa kapena kutula pansi maudindo, ndipo zambiri zinathawira kunja.

Kuyambira pamenepo Malawi anaima kotheratu ndi maiko a kuzambwe. Mu 1966 anakhazikitsa ubale ndi Taiwan, mdani wa China ya chikomyunizimu, ndipo mu 1971 anali mwa maiko amene anavota kukana kuti boma la Beijing litenge mpando wa China ku United Nations. Mu 1967 anakhazikitsa ubale wa ukazembe ndi boma la tsankho la South Africa, limene linapereka ngongole zomangira mzinda wa Lilongwe ndi njanji yochoka ku Nkaya kudzera ku Liwonde mpaka ku Nayuchi, kumpoto kwa nyanja ya Chilwa, imene inatsegulidwa mu 1970. Likulu linasamuka ku Zomba mu 1975.

Ubale umenewu unafika mpaka m'minda yathu. Masikimu a mpunga a m'chigwa cha Chilwa, monga Likangala ndi Domasi, anatsegulidwa kumapeto kwa zaka za m'ma 1960 ndi kumayambiriro kwa zaka za m'ma 1970, ndipo alangizi ochokera ku Taiwan anathandiza pa ulimi wa mpunga wothirira. Alimi ambiri ankangowatcha Matchaina, osadziwa kuti kubwera kwawo kunali mbali ya mpikisano wa maboma awiri olimbirana dzina la China. Ubale ndi Taiwan unatha kumapeto kwa 2007, pamene boma la Malawi linatembenukira ku Beijing.

Panalinso mbali yowawa. Popeza Dr Banda ankadana ndi chikomyunizimu, maiko a kuzambwe anapitiriza kupereka thandizo osafunsa zambiri za anthu omangidwa popanda mlandu. Ndende ya Mikuyu, m'boma lathu lomwe lino la Zomba, inasunga anthu ambiri otere, mmodzi mwa iwo mlakatuli Jack Mapanje, mphunzitsi wa ku Chancellor College, amene anakhalamo kuyambira 1987 mpaka 1991. Mu Meyi 1983 nduna zitatu, Dick Matenje, Aaron Gadama ndi Twaibu Sangala, pamodzi ndi phungu David Chiwanga, anagwidwa ku Zomba ndi kukaphedwa ku Mwanza. Maiko amene ankadzudzula kuponderezana ku Poland anakhala chete pa za ku Malawi.

Tsidya la nyanja

Mozambique analandira ufulu pa 25 Juni 1975 pansi pa chipani cha Frelimo ndi Samora Machel. Chaka chomwecho boma linalanda sukulu ndi zipatala za mishoni. Mu 1977 Frelimo inalengeza kuti ikutsata chiphunzitso cha Marx ndi Lenin, ndipo inasainirana pangano la ubwenzi ndi Soviet Union. Gulu la Renamo linayamba mothandizidwa ndi azondi a boma la azungu la Rhodesia, ndipo Zimbabwe italandira ufulu mu 1980, asilikali a South Africa ndiwo anatenga ntchito yolipatsa zida. Linapezanso otsatira pakati pa anthu akumudzi amene anakwiya ndi midzi yokakamiza, kunyozedwa kwa mafumu ndi kuletsedwa kwa miyambo.

Tisaganize kuti zonse zinkayenda molunjika monga kuvuma uku, kuzambwe uku. Boma la America silinathandize Renamo monga linathandizira Unita ku Angola. Reagan analandira Machel ku Washington mu 1985, ndipo Britain inaphunzitsa asilikali a boma la Frelimo. Mu 1988 Robert Gersony, wotumidwa ndi boma la America, anacheza ndi othawa nkhondo m'misasa, ina mwa iyo ya ku Malawi, ndipo lipoti lake linati anthu wamba pafupifupi 100,000 anaphedwa ndi Renamo.

Malawi anapanikizika pakati. Njanji za ku Beira ndi ku Nacala zitawonongedwa, katundu wathu anayamba kuzungulira njira yaitali ya ku Durban, ndipo mitengo ya zinthu inakwera. Mu Sepitembala 1986 Machel, Kenneth Kaunda ndi Robert Mugabe anabwera ku Blantyre kudzadzudzula Dr Banda kuti akulola Renamo kugwiritsa ntchito nthaka ya Malawi, zimene boma linakana. Pa 19 Okutobala, sabata imodzi chabe msonkhano wa ku Reykjavik utatha, Machel anafa pa ngozi ya ndege ku Mbuzini. Kuyambira 1987 asilikali a Malawi anatumizidwa kukalondera njanji ya ku Nacala, ndipo ena anasiya moyo wawo kumeneko. Pofika 1992 othawa nkhondo m'dziko muno anaposa miliyoni imodzi, kutanthauza munthu mmodzi mwa anthu khumi alionse. Maboma oyandikana nafe a Machinga, Mulanje ndi Mangochi anali mwa amene anawalandira, ndipo ku Nsanje alendo anachuluka kuposa eni mudzi. Anthu athu anagawana nawo malo, nkhuni ndi madzi, ngakhale m'chaka cha chilala choopsa cha 1992.

Makatekisti ayenera kudziwa kuti ansembe atachepa ndipo misewu itatsekeka, amene anasunga Mpingo wa ku Mozambique anali makatekisti ndi atsogoleri a miphakati. Ambiri analipira ndi moyo wawo. Pa 22 Malichi 1992, ku Guiúa m'dayosizi ya Inhambane, anthu oposa 20, makatekisti ndi a m'mabanja awo amene anasonkhana pa malo ophunzitsira makatekisti, anaphedwa ndi amuna a mfuti.

Mtendere wa ku Roma

Maiko amphamvu atayamba kumvana, nkhondo za kuno zinataya ozilipirira. Mu Disembala 1988 Angola, Cuba ndi South Africa anasainirana ku New York pangano limene linatsegula njira ya ufulu wa Namibia mu 1990. Mu 1989 Frelimo inasiya chiphunzitso cha Marx ndi Lenin. Komabe moto sungazime chifukwa chakuti woukoleza wachoka. Pamafunika wouthira madzi.

Aepiskopi a ku Mozambique anali atayamba kale kupempha kuti mbali ziwirizi zikambirane, nthawi imene kunena zotere kunkaoneka ngati kuukira boma. Papa Yohane Paulo II anayendera dzikolo mu Sepitembala 1988, asanafike ku Malawi pa 4 mpaka 6 Meyi 1989. Mu 1989 atsogoleri a mipingo, kuphatikizapo Kadinala Alexandre dos Santos wa ku Maputo, Arkiepiskopi Jaime Gonçalves wa ku Beira ndi Episkopi Dinis Sengulane wa mpingo wa Anglican, anakumana ndi atsogoleri a Renamo ku Nairobi. Msonkhano umene unakonzedwa ku Blantyre mu Juni 1990 unalephereka. Mwezi wotsatira nthumwi za mbali ziwirizi zinakumana ku Roma, m'nyumba ya bungwe la akhristu eni ake la Sant'Egidio, limene linayamba mu 1968.

Amkhalapakati anali anayi: Andrea Riccardi, amene anayambitsa bungwelo, Bambo Matteo Zuppi, amene anadzakhala kadinala mu 2019, Arkiepiskopi Gonçalves, ndi Mario Raffaelli woimira boma la Italy. Analibe asilikali, analibe chuma chooperezera nacho aliyense. Anali ndi chikhulupiriro cha mbali zonse ziwiri, chifukwa anali atathandiza anthu a ku Mozambique pa nthawi ya njala. Zokambiranazo zinatenga miyezi 27, ndipo kangapo zinkaoneka ngati zatha. Kuona maso a nkhono n'kudekha. Pa 4 Okutobala 1992, tsiku la Fransisko Woyera wa ku Assisi, Joaquim Chissano ndi Afonso Dhlakama anasaina pangano la mtendere. Nkhondo imene inapha anthu pafupifupi miliyoni imodzi inatha, othawa kwawo anabwerera, ndipo mu Okutobala 1994 kunachitika chisankho cha zipani zambiri.

Mphepo itasintha kuno kwathu

Chaka chomwecho cha 1992, pa 8 Malichi, Lamulungu loyamba la Lenti, m'matchalitchi onse a Katolika m'Malawi munawerengedwa kalata ya aepiskopi yodzudzula umphawi, kupanda chilungamo m'makhoti ndi kutsekedwa pakamwa kwa anthu. Mwa amene anasaina munali Arkiepiskopi James Chiona wa ku Blantyre ndi Episkopi Allan Chamgwera wa dayosizi ya Zomba. Boma linati kalatayo ndi yogalukira, aepiskopi anaitanidwa ku polisi, malo osindikizira mabuku a Montfort ku Balaka anatenthedwa, ndipo Monsinyo John Roche wa ku Mzuzu anathamangitsidwa m'dziko. Ophunzira a ku Chancellor College anayenda m'misewu ya Zomba kuikira kumbuyo aepiskopi.

Kulimba mtima kunali kwa Amalawi eni ake, koma nthawi nayo inathandiza. Soviet Union inali itatha miyezi itatu m'mbuyomo, ndipo maiko a kuzambwe sankafunanso mlonda wolimbana ndi chikomyunizimu kum'mwera kwa Africa. Mu Meyi 1992, pa msonkhano wa ku Paris, anaimitsa thandizo lonse kupatula lopulumutsa miyoyo. Mipingo, Asilamu, a zamalamulo ndi a zamalonda anapanga bungwe la Public Affairs Committee, limene linakhala pansi ndi nthumwi za boma. Pa 14 Juni 1993 Amalawi pafupifupi 63 mwa 100 alionse amene anavota anasankha zipani zambiri, ndipo pa 17 Meyi 1994 kunachitika chisankho. Nakonso kwathu kusintha kunadza kudzera m'kukambirana.

Nanga ife titengepo chiyani?

Choyamba, kukambirana ndi mdani si kugonja ndipo si kuvomereza zoipa zake. Kennedy sanakhale wa chikomyunizimu polemberana ndi Khrushchev, ndipo aepiskopi a ku Mozambique sanavomereze kuphedwa kwa anthu pokumana ndi Renamo. Munthu sakambirana za mtendere ndi bwenzi lake. Amakambirana ndi amene wamulakwira.

Chachiwiri, mkhalapakati amafunika kukhala wokhulupirika kwa onse ndi wosafulumira. Ife a chikhalidwe cha unkhoswe izi si zachilendo. Katekisti amene waitanidwa pa mkangano wa malire a munda, wa madzi m'sikimu, wa malo ophera nsomba nyanja ikaphwa monga inachitira mu 1995 ndi mu 2018, kapena wa banja, akugwira ntchito yofanana ndi ya anthu anayi aja a ku Roma. Amvetsere mbali zonse, asunge chinsinsi, ndipo apatse wolakwa njira yobwerera osanyozeka.

Chachitatu, mtendere wopanda chilungamo sukhalitsa. Chete wa m'nthawi ya Mikuyu sanali mtendere. Pangano la ku Helsinki linabala zipatso chifukwa anthu wamba analigwira m'manja ndi kufunsa maboma awo. Momwemonso malamulo a dziko lathu onena za ufulu adzakhala a papepala ngati ife sitiwadziwa.

Chachinayi, mtendere umafunika kuulimira chaka ndi chaka. Pangano la 1987 la Reagan ndi Gorbachev linatha mphamvu mu 2019. Ku Mozambique mfuti zinaliranso kuyambira 2013, ndipo mu 2016 anthu ochokera ku Tete anathawiranso ku Kapise m'boma la Mwanza, mpaka pangano lina linasainidwa mu Ogasiti 2019. Kumapeto kwa 2024 zipolowe zotsatira chisankho zinabweretsanso othawa kwawo ku Nsanje. Maiko amphamvu akupitiriza kufuna abwenzi m'Africa, ndipo aliyense amabwera ndi mphatso yake. Sikulakwa kulandira thandizo, koma mbiri ya 1964 ikutikumbutsa kuti tizifunsa chimene wopatsayo akufuna.

Tikupempha makatekisti ndi atsogoleri a miphakati, makamaka a m'madera a m'mbali mwa nyanja, kuti apeze tsiku loti achinyamata akhale pansi ndi akuluakulu amene anaona zaka zimenezi. Afunse amene anasunga othawa nkhondo m'nyumba zawo, amene analima m'masikimu nthawi ya alangizi a ku Taiwan, amene anamva kalata ya aepiskopi ikuwerengedwa mitima ili m'mwamba. Amene angathe kupeza kanema wa "Cold War" aonere pamodzi magawo a nambala 10, 16, 17 ndi 23, wina wodziwa Chingerezi akumasulira. Opanga kanemayu anayenda maiko ambiri kufuna mboni za mbiri, koma mboni za mbali yathu zili m'midzi ya kwa Kuntumanji momwemo, ndipo zikukalamba. Tiyeni tizimvere zidakali moyo.